CIBOLIBOLI CIMENE ADANI ANAGWETSA KOMA CINADZUKANSO

Pa 17 Ogasiti, 1940, anthu a mu mzinda wa Kraków m'dziko la Poland anaimirira capatali pa bwalo lalikulu la msika ndi kupenyerera Majeremani alikugwetsa ciboliboli ca munthu amene anali atamwalira zaka pafupifupi 85 m'mbuyomo. Panalibe amene akanatha kuletsa, pakuti mzinda wonse unali m'manja mwa asilikali a Adolf Hitler, ndipo kutsutsana nao kunali kudziitanira imfa.

Munthu wa pa cibolibolico sanali mfumu, ndiponso sanapambanepo nkhondo iri yonse. Iye anali mphunzitsi ndi wolemba ndakatulo, dzina lace Adam Mickiewicz. Komabe boma limene linali ndi ndege, akasinja ndi asilikali osawerengeka linaona kuti silingagone tulo cifanizo ca munthu ameneyu ciri ciimire pakati pa mzinda.

Lero cibolibolico ciri pa bwalo lomwelo, ndipo ana a sukulu amakhala pa makwerero ace kudya mkate ndi kudikira anzao. M'mene cinamangidwira, m'mene cinagwera ndi m'mene cinabwererera ndi nkhani ya mtundu wa anthu umene unalandidwa dziko koma unakana kulandidwa cinenero cace.

DZIKO LOFAFANIZIDWA PA MAPU

Kuti munthu amvetse cifukwa cace anthu a ku Poland amalemekeza cotere wolemba ndakatulo, ayenera kuyamba wadziwa zimene zinagwera dziko lao. M'zaka za 1772, 1793 ndi 1795, maiko atatu amphamvu oyandikana nalo, Russia, Prussia ndi Austria, anagawana dziko la Poland katatu monga alenje agawana nyama, kufikira silinatsaleko ngakhale kacigawo kamodzi kodzilamulira. Kuyambira 1795 mpaka 1918, zaka 123, dzina la Poland silinali kupezeka pa mapu a maiko a ufulu.

M'zigawo zimene zinatengedwa ndi Russia ndi Prussia, olamulira anayesetsa kucotsa Cipolishi m'masukulu ndi m'maofesi a boma. Ana anali kukakamizidwa kuphunzira m'cinenero ca atsamunda. Anthu analibe mfumu yao, analibe nyumba ya malamulo yao, analibenso gulu la nkhondo lao. Cimene cinatsala cowagwirizanitsa cinali cinenero, cipembedzo ndi mabuku. Motero wolemba mabuku anasanduka mneneri wa mtundu, ndipo mau ace anali kusungidwa pamtima monga mbeu isungidwa m'nkhokwe pa caka ca njala.

MOYO WA M'CILENDO

Adam Mickiewicz anabadwa pa 24 Disembala, 1798, kufupi ndi tauni ya Nowogródek, dera limene tsopano liri m'dziko la Belarus. Anabadwa patangopita zaka zitatu dziko lace litatha kugawidwa, kotero kuti m'moyo wace wonse sanaonepo Poland wa ufulu. Anaphunzira pa yunivesiti ya ku Vilnius, kumene iye ndi anzace anayambitsa kabungwe kacinsinsi ka ophunzira m'caka ca 1817. Atamaliza maphunziro anagwira nchito ya uphunzitsi ku Kaunas.

M'caka ca 1823 apolisi a mfumu ya ku Russia anatulukira mabungwe a ophunzirawo ndi kumanga anyamata ambiri. Mickiewicz anatsekeredwa m'ndende ku Vilnius, ndipo mu 1824 anathamangitsidwa kwao ndi kutumizidwa m'kati mwa Russia. Kucokera tsiku limenelo sanapondenso pa nthaka imene anabadwirapo. Anakhala ku St Petersburg, ku Odessa ndi ku Moscow, kumene anapalana ubwenzi ndi wolemba ndakatulo wochuka wa ku Russia, Alexander Pushkin. Mu 1829 analoledwa kucoka m'dzikomo, ndipo atayendayenda m'maiko a ku Ulaya anakhazikika ku Paris, m'dziko la France, mu 1832.

Mabuku ace awiri ndiwo amene amachulidwa kopambana. Loyamba ndi sewero lochedwa Dziady, liu limene litanthauza makolo akale. Dzinali linatengedwa ku mwambo wa anthu a m'midzi ya kwao, amene anali kusonkhana usiku kuitana mizimu ya akufa ndi kuipatsa cakudya. M'gawo lacitatu la seweroli, limene analilemba mu 1832, iye anafotokoza mazunzo a ophunzira anzace m'ndende za ku Vilnius. Buku laciwiri ndi Pan Tadeusz, ndakatulo yaitali imene inasindikizidwa ku Paris mu 1834. M'menemo analongosola moyo wa kumudzi m'zaka za 1811 ndi 1812: minda, nkhalango, uzimba, madyerero, milandu ya malo ndi makangano a pacibale. Anthu othawa kwao amene anawerenga bukuli anali kumva ngati abwerera kumudzi, ndipo otsala kwao analiwerenga ngakhale pamene olamulira sanafune.

Kuyambira 1840 mpaka 1844 anaphunzitsa pa sukulu yaikulu ya Collège de France ku Paris. Koma mtima wace sunakhutire ndi kulemba kokha. Mu 1848 anasonkhanitsa kagulu ka asilikali a Cipolishi ku Italy, ndipo mu 1855, pa nthawi ya nkhondo ya ku Crimea, anapita ku Constantinople, mzinda umene lero uchedwa Istanbul, kukathandiza kukhazikitsa magulu omenyana ndi Russia. Kumeneko anadwala mwadzidzidzi pa nthawi imene matenda a kolera anali atabuka, ndipo anamwalira pa 26 Novembala, 1855. Mtembo wace unatengedwa kupita ku France ndi kuikidwa ku Montmorency, kufupi ndi Paris.

MAFUPA AFIKA KU KRAKÓW

Codabwitsa ncakuti Mickiewicz sanafikepo mu Kraków ali moyo. Koma mzinda umenewu unali likulu lakale la mafumu a ku Poland, ndipo ambiri a iwo anagona m'chalichi cacikulu ca pa phiri la Wawel. Cina ncakuti Kraków anali m'cigawo colamulidwa ndi Austria, kumene kuyambira ca m'ma 1860 anthu anapatsidwako mpata wophunzira ndi kuyendetsa zinthu zao m'Cipolishi. Zimene zinali zoletsedwa ku Warsaw zinali zotheka ku Kraków.

Cotero pa 4 Julai, 1890, mafupa a wolemba ndakatuloyu, amene anafukulidwa ku France, anaikidwa pa Wawel pafupi ndi manda a mafumu. Khamu la anthu linabwera kucokera ku zigawo zonse zitatu za dziko logawidwalo kudzaperekeza maliro a munthu amene anali atafa zaka 35 zapitazo. Munthu amene sanali mfumu anagonekedwa pamodzi ndi eni dziko.

MAKANGANO ASANAYAMBE OMANGA

Maganizo omanga ciboliboli anayamba kale mafupawo asanabwere. Pakuti panalibe boma la Poland loti lipereke ndalama, anthu eni ace ndiwo anasonkha, olemera ndi osauka omwe. Mutu umodzi susenza denga. Koma kumene asonkha ambiri, olankhula amacurukanso, ndipo nkhani ya cibolibolici inautsa makangano amene anatha zaka zambiri.

Ena anakangana za malo oyenera kuciimika, ena za maonekedwe ace. M'zaka za m'ma 1880 kunacitika mipikisano ingapo ya akatswiri osema ndi kuumba. Ngakhale Jan Matejko, katswiri wojambula zithunzi wolemekezeka koposa mu mzindamo, anapereka maganizo ace, koma sindiwo anatsatidwa. Potsiriza nchito inapatsidwa kwa Teodor Rygier, mmisiri wa ku Poland amene anali kukhala ku Italy. Zifanizo zonse zinaumbidwa ku Rome ndi citsulo ca buronzi, cimene cipangidwa posanganiza mkuwa wambiri ndi citini pang'ono.

Cibolibolico cinavundukulidwa mu Juni, 1898, caka cokumbukira kuti papita zaka 100 cibadwire Mickiewicz. Pa mwambowo panali ana ace awiri, mwana wamkazi Maria ndi mwana wamwamuna Władysław, amene anabadwira ndi kukulira m'cilendo.

Kutalika kwace konse, kuyambira pansi mpaka kumutu, ndi mamita 10. Pamwamba paimirira wolemba ndakatuloyo atafunda covala cacitali. M'munsi mwace, ku mbali zinai, kuli zifanizo zinai zoimira Dziko la Makolo, Maphunziro, Kulimba Mtima ndi Ndakatulo. Pa mwala palembedwa mau ocepa cabe, onena kuti cikumbutsoci caperekedwa kwa Adam Mickiewicz ndi Mtundu. Sipanalembedwe dzina la mfumu ya ku Austria kapena la bwanamkubwa ali yense. Liu lakuti Mtundu linali ndi tanthauzo lalikulu masiku amenewo, cifukwa linali kulengeza poyera kuti anthu amene mapu anali kuwakana akalipo.

Malo amene cinaimikidwa ndiwo mtima wa mzinda. Bwalo la msika la Kraków linayalidwa m'caka ca 1257, ndipo mbali yace iri yonse ndi ya mamita pafupifupi 200. Cibolibolico ciri pakati pa nyumba yakale ya amalonda a nsaru, yochedwa Sukiennice, ndi chalichi ca Maria Woyera, cimene pa nsanja yace woimba lipenga amaliza nyimbo ola liri lonse.

KU WARSAW KUNALI ZII

M'caka comweco ca 1898, anthu a ku Warsaw, mzinda umene unali pansi pa Russia, anamanganso ciboliboli cao ca Mickiewicz, cosemedwa ndi Cyprian Godebski. Boma la mfumu ya ku Russia linalola kuti ciimikidwe, koma linaopa tsiku locivundukula. Pa 24 Disembala, 1898, apolisi ndi asilikali anazinga malowo, ndipo kulankhula kuli konse kwa pa msonkhano kunaletsedwa. Anthu anasonkhana, nsaru inacotsedwa, ndipo khamu linangoima duu. Atsogoleri amene anakonza mwambowo anabwerera kwao ndi mau ao m'matumba.

Patapita zaka 20, pa 11 Novembala, 1918, nkhondo yoyamba ya dziko lonse itatha ndipo maufumu atatu aja atagwa, Poland analandiranso ufulu wodzilamulira. Koma ufuluwo unangokhala zaka 21.

TSIKU LA KUGWA

Pa 1 Seputembala, 1939, asilikali a Germany analowa m'Poland, ndipo nkhondo yaciwiri ya dziko lonse inayamba. Pasanathe sabata, Kraków anali atagwidwa. Majeremani anasandutsa mzindawu likulu la cigawo cimene anali kucilamulira, ndipo bwanamkubwa wao, Hans Frank, anakakhala m'nyumba ya mafumu pa Wawel.

Colinga cao sicinali kulanda nthaka yokha. Anafuna kuti anthu a ku Poland atsale opanda atsogoleri, opanda maphunziro ndi opanda mbiri, kuti akhale anchito a manja okha. Pa 6 Novembala, 1939, aphunzitsi a pa yunivesiti ya Jagiellonian, imene inakhazikitsidwa mu 1364, anaitanidwa ku msonkhano. Atalowa m'cipinda, anthu oposa 180 anamangidwa, ndipo ambiri a iwo anatumizidwa ku ndende yozunzirako anthu ya Sachsenhausen. Mayunivesiti ndi masukulu a sekondale a Apolishi anatsekedwa. Maina a miseu anasinthidwa, ndipo bwalo la msika lija linachedwa dzina la Adolf Hitler.

Pansi pa ulamuliro wotere, ciboliboli ca Mickiewicz sicikanatha kukhalapo. Ndico cifukwa cace cinagwetsedwa pa 17 Ogasiti, 1940. Zifanizo za buronzi zinatengedwa kupita ku Germany, kumene mafakitale a zida za nkhondo anali ndi njala yaikulu ya mkuwa, ndipo mabelu a machalichi ndi ziboliboli zocokera m'maiko ogonjetsedwa zinali kusungunulidwa. Ciboliboli ca ku Warsaw cinacotsedwanso mu 1942.

Koma adani anagwetsa citsulo cokha. Aphunzitsi anayamba kuphunzitsa ana mobisa m'nyumba za anthu, ngakhale cilango ca mlandu umenewu cinali ndende kapena imfa. M'caka ca 1941 kagulu ka acinyamata mu Kraków kanayambitsa masewero acinsinsi, ndipo kanali kulakatula ndakatulo za makolo ao, kuphatikizapo Pan Tadeusz, m'zipinda zotseka mazenera. Mmodzi wa iwo anali mnyamata wogwira nchito pa mgodi wa miyala, Karol Wojtyła, amene mu 1978 anakhala Papa Yohane Paulo Waciwiri.

CIPEZEKA PA DZALA LA ZITSULO

Majeremani anathawa mu Kraków mu Januwale, 1945, asilikali a Soviet Union atafika. Pamene nkhondo inatha, Poland anali atataya anthu pafupifupi 6 miliyoni, theka la iwo Ayuda. Anthu ambiri anali atataya mtima kuti ciboliboli cao cinasungunulidwa kalekale.

M'caka ca 1946 kunamveka nkhani yosayembekezeka. Pa malo ounjikapo zitsulo zakutha mu mzinda wa Hamburg, kumpoto kwa Germany, panapezeka zigawo zambiri za cibolibolico. Nkhondo inatha ng'anjo zisanazifikire. Zigawo zina za ciboliboli ca ku Warsaw zinapezekanso mu mzinda womwewo. Zonsezi zinabwezedwa kwao, ndipo amisiri anayamba nchito yolumikiza zothyoka ndi kuumbanso zimene zinasowa.

Ca ku Warsaw cinaimikidwanso mu Januwale, 1950. Ca ku Kraków cinavundukulidwa kaciwiri pa 26 Novembala, 1955, tsiku lokwanitsa zaka 100 cimwalirire Mickiewicz. Bwalo la msika linali litakhala zaka 15 lopanda mwini wace.

Boma la Cikomyunizimu limene linali kulamulira Poland nthawi imeneyo ndilo linatsogolera mwambowo, koma nalonso linadzaona kuti mau a munthu ameneyu ngovuta kuwaweta. Kumayambiriro kwa 1968 boma linaletsa sewero la Dziady limene linali kuonetsedwa ku Warsaw, cifukwa anthu anali kuomba m'manja mwamphamvu pa mau odzudzula ulamuliro wa Russia. Sewero lotsiriza litatha pa 30 Januwale, ophunzira anaguba kupita ku ciboliboli ca Mickiewicz ndi kuikapo maluwa, ndipo apolisi anamanga ena a iwo. Ici cinali ciyambi ca zipolowe za ophunzira zimene zinagwedeza dziko lonselo mu Malichi caka comweco. Ulamuliro wa Cikomyunizimu unatha mu 1989.

NJIRA YOFIKA KU ZAMBIA

Mabvuto amene anagwetsa cibolibolici anafikitsanso anthu a ku Poland m'dziko lino. M'zaka za nkhondo yaciwiri, othawa nkhondo a Cipolishi, makamaka amai ndi ana amene anapulumuka ku ukapolo wa ku Soviet Union nadzera ku Iran, anasungidwa m'misasa ya ku Lusaka, ku Bwana Mkubwa kufupi ndi Ndola, ku Abercorn kumene lero ndi Mbala, ndi ku Fort Jameson kumene lero ndi Chipata. M'misasamo anatsegula masukulu kuti ana ao asaiwale cinenero ca kwao.

Palinso munthu wina amene Azambia ambiri akumkumbukira. Mu Novembala, 1939, Majeremani anamanga ansembe a cipani ca Ajezuiti mu Kraków, ndipo mmodzi wa iwo anali wansembe wacinyamata, Adam Kozłowiecki. Pa tsiku limene ciboliboli cinagwa iye anali mkaidi ku Auschwitz, ndipo pambuyo pace anasamutsidwira ku Dachau, kumene anakhala kufikira 1945. Mu 1946, caka cimene zitsulo zija zinapezeka ku Hamburg, iye anafika ku Northern Rhodesia nayamba nchito pa mishoni ya Kasisi. Anadzozedwa episkopi mu 1955, nakhala arkiepiskopi woyamba wa Lusaka mu 1959, ndipo mu 1969 anatula pansi udindowo kuti mwana wa dziko lino autenge. Papa Yohane Paulo Waciwiri, amene anaceza m'Zambia mu 1989, anamkweza kukhala kadinala mu 1998. Anamwalira ku Lusaka mu 2007.

"ADAŚ" WA ANTHU ONSE

Anthu a mu Kraków sachula cibolibolici ndi dzina lonse la mwini wace. Amangoti Adaś, ndiko kunena kuti ka Adam, monga m'mene makolo aitanira mwana wao wokondedwa. Anthu akafuna kukomana m'tauni amapangana kuti akapezana pa Adaś, ndipo safunikanso kulongosola.

Pali miyambo ingapo imene yamera pamalopo. Pa 24 Disembala, tsiku la dzina la Adam pa kalendala ya mpingo, amai ogulitsa maluwa pa msikapo amaika maluwa pa mapazi a cibolibolico. Pa Cinai coyamba ca mwezi wa Disembala, amisiri amabweretsa timakola ta Khirisimasi topangidwa ndi timitengo ndi mapepala onyezimira, tofanana ndi nsanja za machalichi a mu mzindamo, natiika pa makwerero ace kuti anthu aone. Mpikisano umenewu unayamba mu 1937, unaima m'zaka za nkhondo, ndipo unayambiranso nkhondo itatha. Nawonso ana a sukulu amene atsala pang'ono kulemba mayeso otsiriza a sekondale amabwera usiku, atacoka ku dansi lao lotsazikana, ndi kudumpha ndi mwendo umodzi kuzungulira cibolibolico, pokhulupirira kuti mphunzitsi wakaleyu adzawapatsa mwai pa mayeso.

M'caka ca 1978 bungwe la UNESCO linaika cigawo cakale ca mzinda wa Kraków, pamodzi ndi bwalo lace la msika, pa mndandanda woyamba wa malo a mbiri oyenera kusungidwa ndi anthu a dziko lonse lapansi.

Akuluakulu anati mau a akulu akoma akagonera. Hans Frank, amene anakhala pa Wawel monga mfumu, anaweruzidwa ku Nuremberg ndi kunyongedwa mu 1946. Dzina la Hitler linacotsedwa pa bwalo la msika nkhondo itangotha. Mafupa a Mickiewicz akali pa Wawel pamene anaikidwa mu 1890, ndipo buku la Pan Tadeusz likuphunzitsidwabe m'masukulu a ku Poland.